Vincristine: Dzina Lofunika Kuliwerenga Mpaka Kumapeto

Ambiri a ife tikamva kuti m'bale wathu wapezeka ndi khansa ndipo wayamba kulandira chithandizo, timangoti "ali pa kemo," ngati kuti kemo ndi mankhwala amodzi okhala m'botolo limodzi. Mawu akuti kemo ndi chidule cha chemotherapy, ndipo pansi pa mawu amenewa pali mankhwala ambirimbiri. Aliwonse ali ndi dzina lake, mlingo wake ndiponso njira yake yolowera m'thupi. M'phunziro lino titenga dzina limodzi lokha, vincristine. Talisankha chifukwa mankhwalawa amagwiritsidwa ntchito kwambiri m'zipatala zathu zazikulu, monga Queen Elizabeth ku Blantyre ndi Kamuzu Central ku Lilongwe, makamaka pochiza ana. Chifukwa china n'chakuti ndi dzina limene munthu ukaliwerenga n'kulekezera pakati, ukhoza kuvulaza wodwala yemwe umati umuthandize.

Duwa la pakhomo

Theka loyamba la dzinali, vin-, likuchokera ku chomera chimene tonse timachidziwa ndi maso. Ndi kachitsamba kakafupi, ka masamba obiriwira onyezimira, kotulutsa maluwa apinki kapena oyera okhala ndi timasamba tisanu. Kamamera pakhomo, m'mbali mwa tchalitchi, m'mabwalo a sukulu, ndipo sikaopa chilimwe: maluwa ena akafota ndi dzuwa la Okutobala, iko kamakhala kakuphukabe. Kwawo kwenikweni ndi ku Madagascar, n'chifukwa chake pa Chingerezi amakatchula Madagascar periwinkle, koma kanafalikira m'mayiko onse otentha.

Mu 1759 Carl Linnaeus wa ku Sweden, yemwe uja tinamuphunzira mu Biology pa nkhani ya mayina awiriawiri a zamoyo, anakatcha Vinca rosea. Patapita nthawi akatswiri anaona kuti sikafanana mokwanira ndi zomera za gulu la Vinca zomera ku Ulaya, ndipo mu 1837 George Don wa ku Scotland anakaika m'gulu lina, Catharanthus, dzina lochokera ku mawu awiri a Chigiriki otanthauza duwa lopanda banga. Lero dzina lake lovomerezeka ndi Catharanthus roseus. Koma dzina lakale lija silinachoke pakamwa pa anthu, ndipo patatha zaka zoposa 100, pamene mankhwala anapezeka m'masamba ake, anatengera dzina lakalelo. Zili ngati mayi amene anakwatiwa kalekale, koma akafika kumudzi kwawo amamuitanabe ndi dzina la pa utsikana wake.

Amene anapeza mankhwalawa sankafuna mankhwala a khansa ayi. Ku Jamaica, komanso ku Philippines, anthu ankawiritsa masamba a chomerachi n'kumamwa pofuna kuchepetsa matenda a shuga. Mu 1952 masamba ochepa ochokera ku Jamaica anafika m'manja mwa Robert Noble, wofufuza pa University of Western Ontario ku Canada. Iye anayesa madzi a masambawo pa makoswe a m'labotale, koma shuga sanatsike monga anthu ankanenera. Atawabaya nawo m'malo mowamwetsa, makoswe ambiri anafa ndi matenda oyambitsidwa ndi tizilombo. Poyeza magazi awo anapeza kuti maselo oyera, asilikali a thupi aja, anali atatha. Apa ndi pamene nzeru inabwera: ngati m'masambamo muli chinthu chopha maselo oyera, mwina chingathandize pa khansa ya m'magazi, imene vuto lake ndi maselo oyera ochulukana mopanda malire. Noble ndi katswiri wa Chemistry, Charles Beer, anapatula chinthucho mu 1958.

Dzina limene anachipatsa linali lalitali ngati sitima ya pamtunda, vincaleukoblastine, koma lili ndi mfundo zake. Vinca ndi chomera chija, leuko ndi Chigiriki chotanthauza choyera, ndipo blast ndi selo limene silinakhwime. Dzinali linafupikitsidwa n'kukhala vinblastine. Pa nthawi yomweyo, ku kampani ya Eli Lilly mumzinda wa Indianapolis ku America, Gordon Svoboda ndi anzake ankafufuzanso chomera chomwechi. Mu 1961 anapatula mankhwala ena amene poyamba anawatcha leurocristine. Theka lachiwiri la dzina limeneli ndi limene linalumikizidwa ndi vin- n'kupanga vincristine. Mu 1963 boma la America linawavomereza, ndipo kampaniyo inayamba kuwagulitsa ndi dzina lamalonda lakuti Oncovin, kuchokera ku onkos, Chigiriki chotanthauza chotupa, ndi vin yemweyu.

Vin- ndi chiwongo

Kuyambira mu 1953 bungwe la zaumoyo padziko lonse, WHO, lakhala likutulutsa mndandanda wa mayina a mankhwala amene si a kampani iliyonse, kuti dokotala wa ku Zomba ndi wa ku Mumbai azitchula chinthu chimodzi ndi dzina limodzi. Pokonza mayinawa amaika kachigawo kosonyeza banja la mankhwalawo. Tonse tikudziwa -cillin wa mu penicillin ndi amoxicillin. Pa mankhwala a khansa palinso -platin, wa mankhwala okhala ndi chitsulo cha platinum monga cisplatin ndi carboplatin, ndiponso -rubicin wa mu doxorubicin, mankhwala ofiira amene amafiiritsa ngakhale mkodzo wa wodwala. Vin- ndi kachigawo ka banja la mankhwala ochokera ku zomera za mtundu wa vinca.

Tingati vin- ndi chiwongo, monga Phiri kapena Banda. Ukamva kuti munthu ndi Phiri wadziwa mtundu wake, koma sunadziwe ngati ndi mphunzitsi kapena msodzi, wofatsa kapena waukali. M'banja la vin- muli vincristine, vinblastine, vindesine ndi vinorelbine, amene onse ndi a khansa. Koma mulinso vinpocetine, amene ena amamwa poganiza kuti amathandiza kayendedwe ka magazi mu ubongo, ndipo pa khansa alibe ntchito ngakhale pang'ono. Chiwongo chimanena kumene munthu wachokera basi.

Chimene mankhwalawa amachita m'thupi

Tikumbukire phunziro la mitosis ku sekondale. Selo likafuna kugawanika, makromosomu amandanda pakati, ndipo timaulusi timawakoka kuti ena apite mbali ino, ena mbali iyo. Timaulusi timeneti timamangidwa ndi puloteni yotchedwa tubulin. Vincristine amakakamira pa tubulin ameneyu, timaulusi timalephera kumangika, selo limaima pakati pa ntchito yogawanika, kenako limafa. Maselo a khansa amagawanika mofulumira kwambiri, choncho ndi amene amakhudzidwa koposa.

N'chifukwa chake vincristine amagwira bwino ntchito pa khansa zothamanga: khansa ya m'magazi ya ana, khansa ya impso ya ana yotchedwa Wilms tumour, ndi khansa za m'mwanabere. Imodzi mwa izo ndi Burkitt lymphoma, imene imatupitsa nsagwada kapena mimba ya mwana m'masabata ochepa chabe. Inatchedwa dzina la Denis Burkitt, dokotala amene anaifotokoza mu 1958 akugwira ntchito ku Kampala, ndipo ndi imodzi mwa khansa zofala kwambiri pakati pa ana kuno ku Malawi. Kwa akuluakulu, vincristine wophatikizidwa ndi bleomycin wakhala akugwiritsidwa ntchito kwa zaka zambiri pa Kaposi sarcoma, khansa yotulutsa zigamba zakuda pakhungu ndi kutupitsa miyendo, imene imakonda anthu amene chitetezo chawo chatsika ndi HIV. M'mayiko olemera, khansa ya m'magazi ya ana inkapha pafupifupi mwana aliyense amene yamugwira zaka za m'ma 1960 zisanafike. Lero ana pafupifupi 9 mwa 10 aliwonse amachira, ndipo vincristine ndi m'modzi mwa mankhwala amene salephera kupezeka pa chithandizo chimenecho.

Koma tubulin sali m'maselo a khansa okha. Minyewa, yotumiza uthenga pakati pa ubongo ndi ziwalo, imadaliranso timachubu ta tubulin. Ndiye wodwala wolandira vincristine nthawi zambiri amamva dzanzi kapena kubayabaya kunsonga za zala za m'manja ndi za kumapazi. Ena amadzimbidwa kwambiri, ena amamva kupweteka nsagwada, ena phazi limayamba kukwekwereza poyenda. Zimenezi si ufiti, komanso si chizindikiro chakuti khansa yafalikira. Ndi khalidwe la mankhwalawo, ndipo dokotala akauzidwa msanga amatha kuchepetsa mlingo kapena kudumphitsa tsiku.

Duwa si mankhwala

Apa tiyenera kuchedwapo, chifukwa nkhaniyi imatikhudza ife makamaka. M'mipingo mwathu timalimbikitsana kudya zamasamba, kumwa madzi ambiri ndi kukonda zinthu zachilengedwe, ndipo ndi chiphunzitso chabwino. Koma munthu akamva kuti mankhwala a khansa amachokera ku duwa lomera kuseri kwa khitchini yake, maganizo amene amabwera msanga ndi akuti: nanga n'kuvutikiranji ndi ndalama ya minibasi kupita ku Queens, bwanji osangothyola masamba n'kuwiritsa? Wowerenga vin- yekha n'kulekera pomwepo amathera pa maganizo amenewa.

Maganizowa ndi olakwika, ndipo zifukwa zake n'zomveka. M'tsamba limodzi muli vincristine wochepa zedi, moti kuti apeze galamu imodzi yokha, opanga mankhwala amafunika makilogalamu mazanamazana a masamba ouma. Kapu ya madzi owiritsa siingafike pa mlingo wochiza. Ndiponso chomerachi chili ndi mitundu yoposa 100 ya mankhwala a m'gulu lomweli, ambiri mwa iwo apoizoni, ndipo mphika susankha woti utulutse ndi woti usiye. Kuwonjezera apo, vincristine salowa bwino m'magazi akadzera m'mimba, n'chifukwa chake palibe piritsi lake. Amaperekedwa kudzera mumtsempha basi. Tikumbukenso makoswe a Noble aja. Chimene chinawapha si khansa, koma madzi a masamba omwewa, opanda mlingo.

Choopsa chachikulu si poizoni yekha ayi, koma nthawi. Burkitt lymphoma ndi chimodzi mwa zotupa zokula mofulumira kuposa zonse mwa munthu. Mwezi umodzi umene banja lingathe likuyesa zowiritsa kunyumba ndi mwezi umene chotupa chikadakhala chikusungunuka ndi mankhwala a kuchipatala, chifukwa khansa imeneyi imamva mankhwala msanga ikapezeka isanafalikire. Ife tikuona kuti palibe kutsutsana pakati pa kukonda chilengedwe ndi kulandira kemo. Mankhwalawa ndi a m'chilengedwe ndithu, koma anadutsa m'manja mwa anthu amene anawapatula, kuwayeza ndi kupeza mlingo umene umapha khansa osapha munthu. Amene amauza wodwala kuti asiye za kuchipatala chifukwa "ndi zomwezi zili pakhomozi" wadumpha ntchito yonseyo, ndipo sayenera kupatsidwa mpata wolankhula zimenezo pa guwa kapena pa msonkhano wa amayi.

Abale awiri ofanana nkhope

Vincristine ndi vinblastine ali ngati mapasa. Amachokera m'tsamba limodzi, ndipo tikajambula kapangidwe kawo pa bolodi, kusiyana kuli pa kachigawo kamodzi kokha: pamene vinblastine ali ndi kagulu ka methyl, vincristine ali ndi ka formyl. Mayina awo ali ndi zilembo 11 lililonse, amayamba mofanana, amathera mofanana. Kusiyana kuli pa zilembo zinayi za pakati.

Koma m'thupi sachita zofanana. Vinblastine amapweteka kwambiri mafuta a m'mafupa, kumene magazi amapangidwira, pamene vincristine amapweteka kwambiri minyewa. Milingo yawo ndi yotalikirana. Madokotala amawerengera mlingo wa kemo potengera kukula kwa thupi, kumene amakupeza pophatikiza msinkhu ndi sikelo ya munthu, n'kukulemba m'masikweya mita. Vincristine amaperekedwa pa mamiligalamu pafupifupi 1.4 pa sikweya mita iliyonse, ndipo kawirikawiri sapitirira mamiligalamu 2 pa nthawi imodzi, kaya munthuyo ndi wamkulu bwanji. Vinblastine, pa chithandizo cha Hodgkin lymphoma, amaperekedwa pa mamiligalamu 6 pa sikweya mita. Kwa munthu wamkulu wa thupi la masikweya mita 1.7, amenewo ndi mamiligalamu pafupifupi 10. Ndiye taganizani wina wawerenga pepala lolembedwa mothamanga, waona vin- koyambirira ndi -tine kumapeto, n'kutenga botolo la vincristine m'malo mwa la vinblastine. Wodwala alandira mlingo woposa woyenera kasanu.

Pofuna kupewa zimenezi, bungwe la FDA la ku America ndi mabungwe ena oona za chitetezo cha odwala amalangiza kulemba zilembo zosiyanazo zikuluzikulu, motere: vinCRIStine ndi vinBLAStine. Wophunzira akalemba chonchi m'chimangirizo, mphunzitsi wa Chingerezi amuchongera ndi bolopeni yofiira. Pa botolo la mankhwala ndi kalembedwe kolondola. Ife amene tikuphunzira uphunzitsi timauzidwa kuti diso la munthu wozolowera kuwerenga siliona chilembo chilichonse, limangoona koyambira ndi kothera kwa liwu n'kudzaza lokha pakatipo. Luso limeneli limatithandiza kuwerenga mofulumira, koma ndi lomwelonso limene limasokoneza namwino wotopa pa ola la khumi la ntchito.

Zidule zimawonjezera chisokonezo. Kemo nthawi zambiri amaperekedwa mankhwala angapo pamodzi, ndipo gulu lililonse limatchulidwa ndi zilembo zoyamba za mankhwala ake. Gulu lodziwika kwambiri pa khansa za m'mwanabere ndi CHOP. Mukafufuza V wa vincristine m'menemo simumupeza, komatu alimo: ndi O uja, kuchokera ku dzina lamalonda lija la Oncovin. C ndi cyclophosphamide, H ndi hydroxydaunorubicin, dzina lina la doxorubicin, ndipo P ndi prednisone. Tsono mu ABVD, gulu la Hodgkin lymphoma, muli V, koma V ameneyo ndi vinblastine. Mu BV, wa Kaposi sarcoma uja, V ndi vincristine. Chilembo chimodzi, mankhwala awiri. Palinso chidule cha VCR chimene ena amalemba m'malo mwa vincristine, chomwe makolo athu akachiona amakumbuka makina oonetsera matepi a vidiyo. Akatswiri a chitetezo cha odwala amaletsa kulemba zidule zotere pa pepala lolamulira mankhwala.

Njira imodzi yokha

Pa botolo lililonse la vincristine, pafupi ndi dzina, pamalembedwa chenjezo lakuti mankhwalawa ndi olowetsa mumtsempha wa magazi basi, ndipo amapha akadzera njira ina. Chenjezoli tingaliwerenge ngati mbali ya dzinalo. Ana ambiri odwala khansa ya m'magazi kapena Burkitt lymphoma amabayidwanso mankhwala ena, monga methotrexate, kumsana, m'madzi ozungulira ubongo ndi mtsempha waukulu wa msana, pofuna kupha maselo a khansa obisala kumeneko. Nthawi zina mankhwala onse awiri amafunika tsiku limodzi. Majakisoni awiri, onse a madzi oyera mbee, ali pa thireyi imodzi. Vincristine akalowa kumsana amawononga minyewa kuyambira kumiyendo kukwera m'mwamba, ndipo pafupifupi onse amene izi zinawachitikira anamwalira.

Ngozi imeneyi yachitikapo ngakhale m'mayiko a zipatala zapamwamba. Mu 2001, mumzinda wa Nottingham ku England, mnyamata wa zaka 18 amene khansa yake ya m'magazi inali itagonja kale anamwalira atabayidwa vincristine kumsana molakwitsa. Mu 2007 WHO inatulutsa chenjezo lolangiza kuti vincristine azisungunulidwa m'kathumba kakang'ono ka diripi m'malo moikidwa m'jakisoni, chifukwa kathumba n'kovuta kukalumikiza ku singano ya kumsana. Mfundo yake ndi yakuti kuuza anthu kuti azisamala sikukwanira. Zipangizo zenizenizo ziyenera kukana kulakwitsako.

Ngakhale mumtsempha momwemo pamafunika diso. Mankhwalawa akatayikira kunja kwa mtsempha amawotcha mnofu n'kusiya chilonda. Wodwala akamva kutentha kapena kuona kutupa pamene pali singano, ayenera kunena nthawi yomweyo, osadikira kuti diripi ithe poopa kuvutitsa anamwino.

Kulitchula pa Chichewa

Pa Chingerezi mphamvu ya liwu imagwera pakati, pa -cris-, ndipo -tine amamveka ngati "tiin," osati "taini." Lilime lathu silikonda makonsonanti ounjikana, choncho timamva anthu akuti "vinkirisitini." Palibe cholakwika pamenepo, malinga ngati "kirisi" akumveka bwino, chifukwa m'bale wake uja amatuluka "vinibulasitini." Polemba, komabe, dzinali tizilisiya mmene lilili pa botolo, popeza wolemba mwa Chichewa akhoza kulemba njira zitatu zosiyana, ndipo wa ku famase sangayerekeze. M'chiganizo timaligwirizanitsa ndi liwu lakuti mankhwala: "vincristine amaperekedwa lero," "vincristine amenewa amasungidwa m'firiji." Ndipo amasungidwadi m'firiji, pa madigiri 2 mpaka 8, nkhani imene si yaing'ono kuno kumene magetsi amathima mosachenjeza.

Kodi ife amene sitili madokotala tichita nalo chiyani dzinali? Ambiri mwa ife tidzakhalapo gadiyani, kapena tidzakhala munthu yekhayo m'banja wotha kuwerenga kabuku ka kuchipatala. Wodwala amalandira kemo ku chipatala chachikulu, koma dzanzi ndi kudzimbidwa zimam'peza ali kumudzi, ndipo amene amamuona koyamba ndi dokotala wa pa chipatala chaching'ono cha pafupi. Kumuuza kuti "ali pa kemo" sikumuthandiza kwenikweni. Kumuuza kuti "analandira vincristine Lachiwiri lapitali" kumam'dziwitsa zoti ayang'ane, komanso mankhwala oti asapereke, chifukwa ena, monga itraconazole wa matenda a bowa ndi ritonavir wopezeka m'ma ARV ena, amachititsa kuti vincristine achedwe kutuluka m'thupi n'kupweteka minyewa koposa. Choncho si mwano kufunsa mwaulemu kuti, "Adokotala, mankhwala alerowa dzina lake ndi chiyani, ndipo alowera kuti?" n'kupempha kuti alilembe lonse m'kabuku, pamodzi ndi tsiku ndi mlingo. Tikamakopera dzinalo pa pepala lathu kapena mu foni, zilembo zinayi za pakati zija, CRIS, tizizilemba zikuluzikulu.